Dzina lanu lisachoke pa payroll penshoni isanatuluke

Ndine loya wa milandu ya pantchito, ndipo ambiri amene amabwera kudzandiona ndi akuluakulu a ku Matero, Chawama ndi Kanyama muno mu Lusaka omwe anatumikira boma kapena khonsolo moyo wawo wonse. Pofika kwa ine amakhala atalowa kale m'ngongole za kaloba, lendi itawunjikana, koma palibe anawauzapo kuti Malamulo Aakulu a dziko lino amawateteza.

Chitetezocho chili m'ndime 189, imene inabwera malamulowa atasinthidwa mu Januwale 2016. Ndimeyi imati penshoni iziperekedwa msanga. Imatinso tsiku lanu lomaliza likakwana musanalipidwe, ntchito musiye ndithu, koma dzina lanu likhalebe pa payroll, muzilandira malipiro anu mwezi ndi mwezi kufikira penshoni itatuluka. Chimenechi si chifundo cha abwana ayi, ndi ufulu wanu.

Koma m'makomboni nkhaniyi imamveka ngati ndalama iliyonse yotsala imakusungani pa payroll, pamene sizili choncho. Mu 2018 khoti la Constitutional Court linaweruza mlandu wa anthu awiri amene ankagwira ntchito ku Anti-Corruption Commission, ndipo linati ndalama za masiku a tchuthi ndi za yunifolomu si penshoni. Ndalama zoterezi mungazisumire, koma sizikubwezerani pa payroll. Ndimeyi sibwereranso m'mbuyo kukathandiza amene anapuma 2016 isanafike. Kuuza agogo zimenezi kumandiwawa, chifukwa iwowa ndiwo adikira nthawi yaitali kuposa onse.

Munthu akakhala pansi, choyamba ndimafufuza kuti ngongole ya penshoniyo ili ndi yani. Amene analowa ntchito ya boma mwezi wa Febuluwale 2000 usanafike, penshoni yawo ili ku Public Service Pensions Fund. Antchito akale a makhonsolo ali ku thumba la LASF, ndipo olowa ntchito ya boma kapena ya khonsolo kuyambira mwezi umenewo ali ku thumba la NAPSA. Palinso ndalama zina, monga za tchuthi ndi za ulendo wobwerera kumudzi, zimene amapereka ndi olemba ntchito eni ake. Kawirikawiri vuto limakhala lakuti khonsolo inkadula ndalama pa malipiro mwezi uliwonse koma osazitumiza ku thumba la penshoni. Mukasumira wolakwika, miyezi imangothera kukangana za amene ayenera kuyankha mlandu.

Chimene chimagwetsa milandu yambiri yabwino ndi nthawi. Ku nthambi ya High Court yoona za antchito, Industrial Relations Division, dandaulo liyenera kufika pasanathe masiku 90 kuchokera pamene nkhani inachitika kapena pamene njira zodandaulira za kuntchito zinatha. Woweruza angathe kuwonjezera masiku, koma amafuna chifukwa chomveka. Anthu athu ndi aulemu. Akauzidwa kuti abwere mawa, amakweranso minibasi mawa lakelo, chaka n'kutha. Mawu apakamwa a kalaliki sakhala umboni m'khoti. Lembani kalata, aidinde tsiku limene ailandira, inu musunge kope lake.

Kupambana mlandu nakonso si kulandira ndalama, ndipo loya amene sakuuzani izi poyambirira akukulakwirani. Mukasumira boma mumasumira Attorney General, ndipo lamulo la State Proceedings Act sililola kuti akhoti akalande galimoto kapena mipando ya boma monga amachitira ndi kampani wamba. Chigamulo chanu chimakaima pamzere ku Compensation Fund, thumba limene linakhazikitsidwa ndi lamulo la mu 2016, n'kumadikira kuti ndalama zipezeke. Tonse tinawaona opuma pantchito akugona panja pa ofesi za Unduna wa Zachilungamo muno mu Lusaka, pofuna ndalama zimene khoti linawapatsa kalekale. Ine ndimati kumeneku n'kulakwira anthu. Boma limadziwa tsiku lopuma la wantchito aliyense kuyambira tsiku limene linamulemba, choncho silinganene kuti ladzidzimutsidwa.

Ngati mulibe ndalama ya loya, a Legal Aid Board alipo chifukwa cha anthu ngati inu. Popita kumeneko tengani kalata yokulembani ntchito, kalata yopumira, payslip yomaliza ndi chitupa chanu cha NRC. Ndipo inu ana amene mukusunga makolo odikira penshoni, afunseni lero ngati malipiro awo akulowabe ku banki. Ngati anaima penshoni isanatuluke, musadikire kuti mwezi wina uthe.