Tizidole Tadothi pa Msika wa ku America: Chimakweza ndi Kugwetsa Mitengo N'chiyani?

Ambiri a ife tinaonapo tizidole tadothi toikidwa m'kabati yagalasi pabalaza: kamwana konyamula dengu, mbalame, kagalu kapena mngelo wopinda manja. Sitidyerapo, sitimwera madzi, ntchito yake n'kukongoletsa nyumba basi. Komatu mukatembenuza kamodzi n'kuwerenga zolembedwa pansi pake, mudzapeza dzina la dziko lakutali. Dziko la America ndi limodzi mwa maiko amene amagula zinthu zotere zambiri kuchokera kunja, ndipo mbiri ya msika wake ikutiphunzitsa bwino za malonda a pakati pa maiko. Tiyeni tione kumene tizidoleti takhala tikuchokera, ndiponso chifukwa chimene mitengo yake imakwerera ndi kugwa.

Dothi n'lotchipa, manja ndiwo odula

Poyamba tidziwe kapangidwe kake. Mmisiri amaumba chidole choyamba, ndipo kuchokera pa chimenecho amapanga zikombole. Chidole chimodzi chingafune zikombole zingapo: cha mutu, cha thupi, cha mikono. Antchito amathira dothi losungunula ngati phala m'zikombolezo, likagwirana amachotsa ziwalozo n'kuzilumikiza ndi manja. Kenaka amaziwotcha m'ng'anjo pa moto wopitirira madigiri 1,000, amazipaka utoto ndi kaburashi, n'kuziwotchanso kuti utotowo ukhazikike. Pa sitepe iliyonse zina zimang'aluka ndipo zimatayidwa.

Apa mfundo yaikulu ndi iyi: dothi lenilenilo silidya ndalama zambiri. Zimene zimadya ndalama ndi malipiro a anthu olumikiza ndi opaka utoto, moto wa m'ng'anjo, ndi ulendo wa katundu wosachedwa kuswekayu. N'chifukwa chake ntchito yopanga tizidole yakhala ikusamuka kutsata kumene malipiro ali otsika. Kusamukako tingathe kukutsata mosavuta, pakuti lamulo la msonkho la mu 1890 linalamula kuti katundu wolowa m'dziko la America azilembedwa dzina la dziko limene wachokera.

Germany ndi zojambula za sisitere

Kumayambiriro kwa zaka za m'ma 1900, tizidole tambiri togulitsidwa ku America tinkachokera ku Germany. Totchuka koposa tinabwera pambuyo pake, ndipo chiyambi chake chinali m'nyumba ya asisitere. Berta Hummel anabadwa mu 1909 ku Massing m'chigawo cha Bavaria. Atamaliza maphunziro a zojambulajambula ku Munich mu 1931, analowa chipani cha asisitere Achifransisko ku Siessen, kumene analandira dzina loti Sisitere Maria Innocentia. Iye ankakonda kujambula ana akumudzi a masaya ofiira, ena akuimba, ena akuweta atsekwe, ena atabisala m'ambulera.

Franz Goebel, mwini fakitale ya zinthu zadothi pafupi ndi mzinda wa Coburg, ataona zithunzizo anapempha chilolezo choti azisandutse zidole. Asisitere anavomera, koma anasunga mphamvu yoona chidole chilichonse chisanapite pa msika. Zidole zoyamba zinaonetsedwa pa chionetsero cha zamalonda ku Leipzig mu 1935. Boma la Nazi silinakondwere ndi zojambula zake, ndipo mu 1940 linalanda nyumba ya asisitereyo. Ndalama zochokera ku luso lake zinathandiza asisitere pa nthawi yovutayo. Iye anamwalira ndi chifuwa chachikulu mu 1946 ali ndi zaka 37 zokha, osaona kutchuka kumene kunali kubwera.

Nkhondo yachiwiri ya dziko lonse itatha, asilikali a ku America amene anali ku West Germany anayamba kugula zidole za Hummel ndi kutumizira amayi awo ndi akazi awo kwawo. Pa nthawiyo dola inali yamphamvu, choncho kwa iwo zinali zotchipa. Umu ndi mmene msika waukulu wa zidolezi unatsegukira kutsidya kwa nyanja ya Atlantic.

Nyengo ya Japan

Si banja lililonse likanatha kugula katundu wa ku Germany. Apa mpamene Japan anapezera mpata. Pa nkhondo yoyamba ya dziko lonse, kuyambira 1914 mpaka 1918, katundu wa ku Germany analeka kufika ku America, ndipo amisiri a ku Seto, tauni ya oumba pafupi ndi Nagoya, anayamba kupanga zidole zolowa m'malo mwake. Pambuyo pa nkhondo yachiwiri malondawa anakula kwambiri. Kuyambira 1947 mpaka 1952, pamene Japan anali m'manja mwa maiko amene anamugonjetsa, katundu wambiri ankalembedwa kuti "Made in Occupied Japan". Tizidole ta ku Japan tinkagulitsidwa m'masitolo a zinthu zotchipa, ndipo tina tinkachita kutengera maonekedwe a zidole za Hummel.

Chimene chinathandiza Japan, kuwonjezera pa malipiro otsika, chinali mtengo wa ndalama yake. Kuyambira 1949 mpaka 1971 dola imodzi inkasinthidwa ndi mayeni 360 osasintha. Koma chuma cha Japan chitakula, malipiro anakwera ndipo yeni inalimba. Mu 1985 maiko asanu olemera anapangana ku New York zofooketsa dola. Dola imene inkagula mayeni pafupifupi 240 inatsika kufika pafupifupi theka lake m'zaka zosakwana zitatu.

Anzanga okonda masamu awerengere okha. Tiyerekeze kuti chidole china chimagulidwa mayeni 2,400 pa fakitale. Dola ikamagula mayeni 240, wamalonda wa ku America alipira madola 10. Dola ikamagula mayeni 120, chidole chomwecho, chopangidwa ndi manja omwewo, chimfuna madola 20. Mmisiri wa ku Seto sanakweze mtengo ngakhale pang'ono, komabe katundu wake wadula kawiri. Ogula anayamba kuyang'ana kwina, ku Taiwan ndi ku South Korea, ndipo mafakitale ambiri a ku Seto anatsekedwa.

China atenga msika

China ndi kwawo kwa mbale zoyera zadothi. Ngakhale dzina la dothi loyera lopangira mbalezi, kaolin, linachokera ku Gaoling, malo a pafupi ndi mzinda wa Jingdezhen. Komabe kwa zaka zoposa 20, kuyambira 1950, America sankachita malonda ndi boma la chikomyunizimu la China. Chiletsocho chinayamba kuchotsedwa mu 1971, ndipo mu 1980 katundu wa ku China anayamba kulipira msonkho wofanana ndi wa maiko ena. Mu Disembala 2001 China analowa m'bungwe loona zamalonda pa dziko lonse la WTO.

Madera monga Dehua m'chigawo cha Fujian ndi Chaozhou m'chigawo cha Guangdong anali kale ndi dothi labwino, amisiri odziwa ntchito ndi antchito ochuluka olandira zochepa. Masitolo akuluakulu a ku America anayamba kuitanitsa tizidole tambirimbiri nthawi imodzi, makamaka ta pa Khirisimasi. Lero China ndiye amatumiza zambiri mwa zokongoletsera zadothi zolowa ku America. Kunabweranso mpikisano wina: zidole zopangidwa ndi utomoni wa m'fakitale wofanana ndi pulasitiki, zimene zimaoneka ngati zadothi koma sizifuna ng'anjo.

Motero msika unagawika pawiri. Kumunsi kunali katundu wochuluka wotchipa wa ku Asia. Kumtunda kunali katundu wodula wa ku Ulaya, wodalira dzina, monga Hummel ndi Lladró, kampani imene abale atatu anayambitsa mu 1953 pafupi ndi Valencia ku Spain.

Pamene chidole chinasanduka banki

Gawo lomvetsa chisoni la nkhaniyi likukhudza katundu wodulayu. M'zaka za m'ma 1970 ndi 1980, anthu ambiri ku America anayamba kusonkhanitsa zidole za Hummel. Mu 1977 kampani ya Goebel inakhazikitsa kalabu ya osonkhanitsa zidole zake. Kunatuluka mabuku olemba mtengo wa chidole chilichonse, ndipo chaka ndi chaka mitengoyo inkaoneka ikukwera. Ambiri anakhulupirira kuti akusunga chuma chimene adzasiyire ana awo. Ankasunga ndi makatoni omwe, poopa kuti mtengo ungatsike.

Zinthu ziwiri zinagwetsa chiyembekezo chimenechi. Choyamba chinali intaneti. Msika wa eBay utayamba mu 1995, aliyense anatha kuika zidole zake poyera, ndipo zinadziwika kuti zidole zimene anthu ankati n'zosowa zinali m'nyumba zambirimbiri. Chachiwiri chinali kusintha kwa mibadwo. Amene ankakonda zidolezi anakalamba ndi kumwalira, ndipo ana ndi zidzukulu zawo, okhala m'nyumba zing'onozing'ono ndi okonda zina, sanazifune. Ogulitsa anachuluka, ogula anachepa. Lero zidole zambiri zimene kale zinkawerengedwa mazana a madola zimagulidwa pa madola makumi ochepa chabe. Ndi zochepa zokha, zakale kwambiri kapena zosowadi, zimene zasunga mtengo.

Mafakitale nawo anamva kuwawa. Mu 2008 Goebel analeka kupanga zidole za Hummel. Ena anapitiriza ntchitoyo, koma nawonso anagwa m'mavuto a ndalama kangapo. Banja la Lladró linagulitsa kampani yake mu 2017. Kumbuyo kwa nkhani zimenezi kuli anthu opaka utoto amene anaphunzira luso lawo kwa zaka zambiri, n'kutsala opanda ntchito.

Zombo ndi misonkho

M'zaka zaposachedwapa, ngakhale katundu wotchipa uja wayamba kudula. Mu 2021, pa nthawi ya mliri wa Covid-19, mtengo wonyamulira kontena imodzi yaikulu pa nyanja unapitirira madola 10,000, pamene mu 2019 sunkafika madola 2,000. Tizidole timadya malo ambiri chifukwa timakulungidwa mosamala kuti tisasweke, choncho kukwera kotere kumatikhudza kwambiri.

Palinso misonkho. Kuyambira 2018 boma la America linayamba kuika misonkho yapadera pa katundu wambiri wa ku China, ndipo mu Epulo 2025 msonkho wowonjezerawo unafika 145 peresenti usanatsitsidwe mwezi wotsatira. Tizindikire kuti msonkho wotere salipira ndi fakitale ya ku China ayi. Amalipira ndi wamalonda woitanitsa katunduyo akafika pa doko, ndipo iye kawirikawiri amauwonjezera pa mtengo wa m'sitolo. Popeza chidole si ufa kapena mankhwala, wogula akaona kuti chadula amangochisiya. N'chifukwa chake amalonda ena akufunafuna mafakitale ku Vietnam ndi maiko ena. Ulendo uja unayambira ku Germany ukupitirirabe.

Tiphunzirepo chiyani?

Taona kuti mtengo wa chidole chadothi umapangidwa ndi zinthu zinayi: malipiro a antchito, mphamvu ya ndalama ya dziko, ulendo pamodzi ndi misonkho, ndi chikhumbo cha ogula. Zitatu zoyambazo zingathe kuwerengedwa pa pepala. Chachinayicho n'chosagwirika, ndipo ndicho chinapusitsa anthu ambiri. Chinthu chimene sichibereka, sichidyedwa ndipo sichigwira ntchito, mtengo wake umakhalapo pokhapokha ngati pali wina wochifuna. Akuluakulu anati chikomekome cha mkuyu, m'kati muli nyerere.

Kwa makolo athu, phunziro n'lakuti munthu akabwera ndi chinthu n'kunena kuti gulani lero, mawa chidzadula, tiyambe tafunsa kuti adzagule mawalo ndani, ndipo adzachifuniranji. Kwa ife ophunzira, tikamamva m'kalasi za kugwa kwa ndalama kapena za msonkho wa katundu wolowa, tisaone ngati ndi nkhani za m'buku chabe. Ndi zimene zinazimitsa ng'anjo za ku Seto. Ndipo amene ali ndi kachidole kamene anasiyiridwa ndi agogo, akasamale ndithu, koma chifukwa cha chikumbutso cha mwini wake, osati poyembekeza kuti tsiku lina kadzawalemeretsa.