Mjigo wa pa Broad Street, Gawo 5: Wansembe Alowerera Nkhani

Musakankhane, mipando ikwanira. Ndamva kuti ena mwa inu sabata yatha munalalata chifukwa ndinakusiyani pakhomo pa msonkhano osakulowetsani. Lero tilowa, koma musandithamangitse.

Ndi Lachinayi madzulo, pa 7 Seputembala 1854. Akuluakulu oyang'anira dera la St James mumzinda wa London akhala pansi, nkhope zili zakugwa. Kunjaku, ku Soho, maliro akungotsatizana. M'masiku atatu oyambirira okha kolera yapha anthu 127, ndipo mabokosi akutuluka m'nyumba mosalekeza. Kenaka akulowa dokotala wathu uja, John Snow, wolankhula motsitsa mawu, yemwe chaka chapitacho anapatsa Mfumukazi Victoria mankhwala opha ululu pobereka.

Pempho lake linali limodzi: chotsani chogwirira cha mjigo wa pa Broad Street.

Inu mukuseka chifukwa mwana wa Sitandade 3 aliyense kwathu kuno amadziwa kuti kolera imayenda m'madzi. Nthawi imeneyo amene ankasekedwa anali Snow. Madokotala, nyuzipepala ndi boma, onse ankati matendawa amabwera ndi fungo. Mmodzi mwa iwo anali Edwin Chadwick, yemwe lipoti lake la 1842 linabala lamulo la zaumoyo la 1848. Mtima wake unali wabwino, koma pofuna kuthamangitsa fungo m'nyumba za amphawi, anakankhira zonyansa za mzinda wonse mumtsinje wa Thames, momwe anthu ambirimbiri ankamwa. Pofika Seputembala ameneyu Chadwick anali atachotsedwa kale pampando wake m'bungwe la boma loona zaumoyo, koma maganizo ake anatsala muofesi.

Nanga mphekesera! Ku Soho kunkamveka zoti okumba ngalande zatsopano anafukula manda a anthu amene anafa ndi mliri wa 1665, ndiye mpweya wa akufawo watulukira kumtunda. Nkhani yokoma kuikamba, eti? Ya madzi inali yozizira. Komanso madzi a mjigo wa pa Broad Street anali otchuka kuti ndi okoma kuposa a mijigo yoyandikana nawo.

Snow anali atatenga mayina a omwalira ku ofesi ya kalembera, kwa William Farr, n'kuyenda nawo khomo ndi khomo. Ambiri ankakhala pafupi ndi mjigowo. Koma chimene chimandisangalatsa ine ndi anthu amene sanafe. Pa Poland Street panali nyumba yosungira amphawi, momwe munali anthu 535, malo othinana amene okhulupirira za fungo akanalumbira kuti onse atha. Anafa 5 okha. Anali ndi chitsime chawochawo. Pa Broad Street pomwepo panali fakitale yofulula mowa ya antchito oposa 70. Palibe anafa. Ankapatsidwa mowa kuntchito, za kumjigo analibe nazo ntchito.

A Phiri kumbuyoko, tsitsani dzanja. Si chilolezo chimenecho.

Tsono gwirani mpando, pakubwera mayi wamasiye wa ku Hampstead. Dera limeneli lili kutali ndi Soho, kumtunda, kwa mphepo yabwino, ndipo kunalibe mliri. Mayiyu anali atatha miyezi osaponda ku Broad Street. Komabe pa 2 Seputembala anamwalira ndi kolera. Fungo la ku Soho linamupeza bwanji kumeneko? Silinamupeze. Kale ankakhala ku Broad Street, ndipo madzi a kumeneko ankawakonda kwambiri moti ngolo inkamubweretsera botolo lalikulu tsiku ndi tsiku. Mbale wake wina wamkazi amene anadzacheza anamwa nawo, n'kubwerera kwawo ku Islington, komwenso kunalibe mliri.

Nayenso anafa.

Akuluakulu aja sanakhutire kwenikweni, koma analibe nzeru ina. M'mawa mwake, pa 8 Seputembala, chogwirira chinazulidwa.

"Basi, dokotala wapambana, tiimbe m'manja tizipita!"

Ndani wakuuzani? Mabuku ambiri amathera pomwepa chifukwa pamakoma kuthera, koma zoona zake n'zokhotakhota. Mliri unali utayamba kale kuzilala, anthu ambiri anali atathawa m'deralo, ndipo Snow mwiniwake anavomereza zimenezi. Bungwe la boma loona zaumoyo, lomwe tsopano linali m'manja mwa Benjamin Hall, linatumiza oyendera kuti akafufuze, ndipo iwo anatanganidwa ndi kununkha kwa zimbudzi, ngalande ndi malo ophera nyama. Chitsime chitayang'anidwa koyamba, anati njerwa zake zili bwinobwino, palibe pochucha. Anthu 616 anafa mu mliri umenewu, koma boma linali likadali ndi mphuno m'mwamba.

Apa ndi pamene akulowa munthu amene ndakhala ndikukubisirani kuyambira gawo loyamba.

Henry Whitehead, wansembe wachinyamata wa tchalitchi cha St Luke pa Berwick Street, zaka zosakwana 30. Masiku onse a mliri anali m'zipinda za odwala, kupempherera akufa, kutonthoza otsala. Ankadziwa mayi wa pakhomo lililonse, mwana wa yani, amene anathawira kuti. Za Snow atazimva, anangopukusa mutu. Anali ndi umboni wake: iye mwini anamwa madzi a mjigowo mliri uli mkati, atasakaniza ndi kabulande pang'ono, ndipo anali wamoyo, wathanzi. Ankadziwanso odwala amene anamwa madziwo ambirimbiri n'kuchira.

Atalowa mu komiti ya dera yofufuza za mliriwo, cholinga chake chinali choti atsutse dokotalayo mpaka nkhani ya mjigo ife. Ndipo kunena zoona, Snow akanapempha kumwamba kuti am'patse mdani, sakanapeza wabwino kuposa ameneyu. Dokotala ankafunsa ngati mlendo. Wansembe ankafunsa ngati wa pabanja, ankabwerera kawiri katatu pakhomo lomwelo, ankalondola ngakhale amene anasamuka. Anafunsa za odwala, anafunsanso za amene sanadwale, chinthu chimene ofufuza a boma sanachiganizire.

Manambala anayamba kumuukira. Mwa amene anamwa madzi a mjigo, odwala anali ochuluka zedi. Mwa amene sanamwe, ochepa. Nkhalamba zina zokhala zokha, zofooka, zimene aliyense ankati ndizo ziyambe kupita, zinapulumuka chifukwa zinalibe mwana woti azikazitungira madzi kumjigo.

Wansembe anayamba kufewa. Koma funso lalikulu linali likadali chiimire, ndipo adani a Snow analigwira mwamphamvu. Mjigo umene anthu amwa zaka ndi zaka osadwala usanduka bwanji wakupha usiku umodzi? Chiphecho chinalowa bwanji m'chitsime cha njerwa zosachucha? Anachibweretsa ndani? Snow analibe yankho.

Kumayambiriro a 1855, Whitehead akusanthula m'kaundula wa imfa pa nkhani ina, diso lake linakodwa pa mzere umodzi umene aliyense anaudumpha. Khanda lachitsikana la miyezi 5, lomwalira pa 2 Seputembala, litatsegula m'mimba masiku anayi. Sanalembe n'komwe kuti kolera.

Werengani chobwerera mmbuyo, inu a masamu. Mwanayu anadwala mliri usanabuke pa 31 Ogasiti.

Nanga adiresi? Nambala 40, Broad Street. Nyumba imene mjigo unali pakhomo pake penipeni.

Wansembe ankalidziwa banjalo. Anavala chipewa, ulendo kukagogoda, ali ndi funso limodzi lofunsa mayi wofedwayo, funso lochititsa manyazi kwa bambo wa mpingo: madzi amene ankanyikamo matewera a mwanayo ankawataya pati?

Mayiyo anayankha. Analoza ndi malo ake. Ndipo komiti inatumiza munthu ndi anyamata a mafosholo kuti akakumbe.

Mukufuna ndinene zimene anapeza? Nanga za munthu wachiwiri amene anadwala m'nyumba yomweyo tsiku lenileni limene chogwirira chinazulidwa? A mkonzi akundikodola kuti tsamba latha. Sabata yamawa mubwere ndi kansalu kotseka pamphuno, tikutsikira m'dzenjemo.