Jon Raymond, Mlembi wa Mafilimu Odekha

Anthu akamatuluka koonera kanema amatchula mayina a osewera, ena ochepa amakumbukira wotsogolera filimuyo, koma munthu amene anakhala pansi miyezi yambiri kukonza zimene osewerawo anene ndi zimene achite, dzina lake silimveka pakamwa pa aliyense. Ndipo kusalungama kumeneku kumakula koposa m'mafilimu odekha, aja opanda mfuti kapena magalimoto othamangitsana, pakuti woonera amayesa kuti pamene anthu ali chete, mlembi sanagwirepo ntchito.

Jon Raymond, wa mumzinda wa Portland m'chigawo cha Oregon ku America, anayamba ndi mabuku. Buku lake loyamba, The Half-Life, linatuluka mu 2004, ndipo Kelly Reichardt, mayi wokonza mafilimu mosadalira makampani akuluakulu a ku Hollywood, atalikonda anatenga nkhani ina yaifupi ya mlembiyu, naisandutsa filimu ya Old Joy mu 2006. Kuyambira pamenepo awiriwa asenzera limodzi denga: Wendy and Lucy mu 2008, Meek's Cutoff mu 2010, Night Moves mu 2013, First Cow mu 2019, ndi Showing Up mu 2022.

Luso la Raymond limaonekera bwino mu Wendy and Lucy. Mtsikana ali pa ulendo wokafuna ntchito ku Alaska, galimoto yamufera panjira, ndalama zatsala zowerengeka, waba chakudya cha galu wake m'sitolo, wagwidwa, ndipo potuluka m'manja mwa apolisi wapeza galuyo palibe. Nkhani yonse ndi imeneyo. Palibe pamene mtsikanayo akulongosola umphawi wake, koma timamuona akulemba m'kabuku ndalama zimene zatsala, akusamba m'chimbudzi cha pamalo othirira mafuta, ndipo mlonda wokalamba akumupatsira m'manja timadola tochepa mobisa, monga wochita manyazi ndi kuchepa kwa mphatso yake. Zonsezi wina anazisankha, nataya zolankhula zambiri zimene mlembi wosakhwima akanaziumirira. Akuluakulu anati kuona maso a nkhono n'kudekha, ndipo kudekhako kumayamba ndi wolemba, woonera asanafike.

Chimene ine ndimamulemekezera koposa ndicho kusaumira ndi buku lake lomwe. The Half-Life imayenda m'mibadwo iwiri ndipo imawoloka nyanja kukafika ku China, ulendo umene thumba la filimu yaing'ono silikanaukwanitsa. Choncho polemba First Cow, iye ndi Reichardt anadula zonsezo, naikamo ng'ombe imene m'bukumo munalibe, ng'ombe yoyamba kufika m'dera la Oregon cha m'ma 1820, imene wophika wina ndi bwenzi lake la ku China amaikama mwakuba usiku kuti akazinge zitumbuwa zogulitsa. Alembi amene angalole kugwetsa theka la nyumba imene anamanga okha, kuti mnzawo apeze pojambula, ndi owerengeka ndithu.