Chipewa cha Chilembwe pakati pa London

Nkhope ya John Chilembwe timaiona pa K500 tikamagula pamsika wa Balaka kapena Liwonde, koma mu 2022 anthu a ku London nawo adaiona.

Samson Kambalu, Mmalawi wokhala ku Britain yemwe amajambulanso mafilimu afupiafupi otengera Gule Wamkulu, adakonza chiboliboli cha mbusayu. Chidaima pa Trafalgar Square mpaka 2024.

Kambalu adatengera chithunzi cha 1914, pomwe Chilembwe adaima ndi mmishonale John Chorley atavala chipewa. Nthawi ya atsamundayo munthu wakuda ankayenera kuvula chipewa pamaso pa mzungu.

Pachibolibolicho Chilembwe ndi wamtali pafupifupi kawiri kuposa Chorley, ndipo chipewa chidali pamutu, mumzinda womwe unkalamulira Nyasaland.