Amisiri a nyimbo za trip-hop mumzinda wa Bristol

Nyimbo za trip-hop, zomwe zimadziwika ndi ng'oma zoyenda mwachifatse, besi yolemera ndiponso mawu otsika ngati a munthu amene akusinkhasinkha pakati pa usiku, zinabadwira mumzinda wa Bristol ku England, ndipo ambiri mwa amene anaziyambitsa sanali oliza zida, koma achinyamata odziwa kusankha ndi kusakaniza mbale za nyimbo. M'zaka za m'ma 1980 gulu la The Wild Bunch linkayenda ndi masipika akuluakulu kukavinitsa anthu, potsata mwambo umene anabwera nawo anthu ochokera ku Jamaica okhala m'dera la St Pauls. M'gulu limeneli ndi mmene munatuluka Massive Attack, yomwe chimbale chake, Blue Lines, chinafika pamsika mu 1991.

Mwini ntchito weniweni ndi wokonza nyimbo, amene amamvetsera mbale zakale za soul, jazz ndi reggae mpaka atapeza kachigawo ka masekondi ochepa, kenako n'kukalowetsa m'makina otchedwa sampler, omwe amasunga mawu kuti abwerezedwe kapena achepetsedwe liwiro. Luso lake lili m'khutu, osati m'zala, ndipo amene amati ntchitoyi ndi kuba chabe sanaione pafupi. Geoff Barrow, amene anayamba ngati wothandizira m'situdiyo pamene Blue Lines inkajambulidwa, anafika poti iye ndi anzake a gulu la Portishead ankajambula okha zida zawo, kuzidinda pa mbale, kenako n'kukanda mbalezo mwadala kuti zimveke zakale. Chimbale chawo, Dummy, cha mu 1994, chinapata mphoto ya Mercury mu 1995, chaka chimene Tricky, woyimba wina wa ku Bristol, anatulutsa chimbale chake, Maxinquaye.

M'gulu la Massive Attack, oyimba nthawi zambiri ankaitanidwa ngati alendo, monga Horace Andy wa ku Jamaica, kapena Elizabeth Fraser amene anayimba Teardrop mu 1998, nyimbo imene pambuyo pake inkatsegulira sewero la pa kanema la House.

Dzina lakuti trip-hop linatchuka kudzera m'magazini ya Mixmag mu 1994, koma eni ntchitoyo, makamaka Tricky ndi Barrow, sanalikonde, chifukwa linkaika m'thumba limodzi anthu amene aliyense ankadziona kuti ali ndi njira yakeyake.