Ulendo wa tsiku limodzi wa Bergen, Gudvangen ndi Flåm

Ulendo wa tsiku limodzi wa Bergen, Gudvangen ndi Flåm ndi ulendo wokaona malo umene umachitika kumadzulo kwa dziko la Norway, m'chigawo cha Vestland. Alendo amanyamuka mumzinda wa Bergen m'mawa ndi kubwererako madzulo a tsiku lomwelo, atayenda pa basi, pa boti ndi pa sitima ya pamtunda kwa maola 10 kapena kuposerapo. Zikuluzikulu zimene amakaona ndi zitatu: fjord yotchedwa Nærøyfjord, mudzi wosonyeza moyo wa ma Viking ku Gudvangen, ndi njanji ya m'mapiri ya Flåm. Pa ulendowu pamakhala wotsogolera alendo amene amafotokoza mbiri ya malowo ndi kuonetsetsa kuti gulu lake silikuchedwa basi, boti kapena sitima.

Zinthu zitatuzi zili ndi chiyambi chimodzi. M'dera limeneli mapiri ndi aatali ndi otsetsereka kwambiri, choncho kwa zaka mazana ambiri njira yodalirika inali ya pamadzi. Ma Viking ankadalira njira imeneyi, ndipo njanji ya Flåm inamangidwa kuti ilumikize njira ya pamadziyo ndi mizinda ya Bergen ndi Oslo.

Njira yake

Bergen ndi mzinda wachiwiri pa kukula m'dziko la Norway, ndipo unakhazikitsidwa cha m'ma 1070 ndi mfumu Olav Kyrre. Kuchokera kumeneko basi imalowera kum'mawa pa msewu wa E16 mpaka m'tauni ya Voss, mtunda wa makilomita pafupifupi 100. Ku Voss kuli tchalitchi chamiyala chotchedwa Vangskyrkja chimene chinatsegulidwa mu 1277. Maulendo ambiri amaima pang'ono pa mathithi a Tvindefossen, kenako n'kutsikira m'chigwa cha Nærøydalen kukafika ku Gudvangen.

Ku Gudvangen alendo amaona mudzi wa ma Viking, kenako amakwera boti kwa maola pafupifupi awiri mpaka ku Flåm. Ku Flåm amakwera sitima yopita ku Myrdal, siteshoni ya pamwamba pa mapiri, kumene amasintha ndi kukwera sitima ya pa njanji ya Bergen yobwerera kumadzulo. Makampani ena amayenda njira yomweyi mobwerera. Palinso ulendo wotchuka wotchedwa Norway in a Nutshell, wa kampani ya Fjord Tours, umene umadutsa malo omwewa, koma pa ulendo umenewo mlendo amagula matikiti onse pamodzi ndi kuyenda yekha popanda womutsogolera.

Mmene ma fjord anapangikira

Fjord ndi mkono wa nyanja yamchere, wautali ndi wopapatiza, umene umalowa mkati mwa dziko pakati pa mapiri. Madzi ake ndi amchere ndipo amakwera ndi kutsika tsiku ndi tsiku monga a m'nyanja yaikulu, ngakhale kuti pamwamba pake pamakhala madzi a m'mitsinje opanda mchere.

Ma fjord anakumbidwa ndi madzi oundana. Kalekale, m'nyengo zozizira kwambiri za dziko lapansi, dera lonse la Scandinavia linakutidwa ndi madzi oundana ochindikala. Madziwa ankasuntha pang'onopang'ono kutsata zigwa za mitsinje, atanyamula miyala pansi pake, ndipo miyalayo inkapala thanthwe monga tupa. Zigwazo zinakula, pansi pake panazama, ndipo m'mbali mwake munasanduka makoma. Nyengo yomaliza yotere itatha, zaka zoposa 11,000 zapitazo, madziwo anasungunuka ndipo nyanja inalowa m'zigwazo. Kawirikawiri fjord imakhala yozama mkati kusiyana ndi pakamwa pake, chifukwa kufupi ndi nyanja madzi oundanawo ankamwazikana ndi kuchepa mphamvu.

Sognefjord ndiyo fjord yaitali ndi yozama kuposa zonse mu Norway. Kutalika kwake ndi makilomita pafupifupi 205, ndipo pamalo ozama kwambiri imapitirira mamita 1,300. Poyerekeza, nyanja ya Malawi pamalo ake ozama kwambiri ili ndi mamita pafupifupi 700. Aurlandsfjord ndi nthambi ya Sognefjord, ndipo Nærøyfjord ndi nthambi ya Aurlandsfjord.

Ulendo wa pa boti

Nærøyfjord ndi yaitali makilomita pafupifupi 17, ndipo pamalo opapatiza kwambiri ndi mamita 250 okha kuchoka tsidya lina kufika lina. Mapiri a m'mbali mwake amapitirira mamita 1,500, ndipo kuchokera pamwamba pake pamagwa mathithi ambiri. Mu 2005 bungwe la UNESCO linaika Nærøyfjord pamodzi ndi Geirangerfjord pa mndandanda wa malo ofunika kusungidwa padziko lonse.

M'mphepete mwa madzi muli minda ing'onoing'ono, ndipo ina ilibe msewu mpaka lero. Kale makalata a pakati pa Bergen ndi likulu la dziko ankadutsa m'dera limeneli, atanyamulidwa ndi alimi pa bwato kapena wapansi. Boti likakhotera mu Aurlandsfjord limadutsa pansi pa munda wa Stigen, umene uli pamwamba pa phompho. Nthano ya kumeneko imati wokhometsa msonkho akamabwera, eni mundawo ankakoka makwerero kuti asathe kukwera. Patsogolo pake pali mudzi wa Undredal, wodziwika ndi tchizi cha mkaka wa mbuzi ndiponso katchalitchi kamatabwa ka m'zaka za m'ma 1100, kokhala ndi mipando pafupifupi 40.

Maboti ena a pa njirayi amayendera magetsi. Vision of the Fjords, limene linayamba ntchito mu 2016, linapangidwa kuti lizigwiritsa ntchito mafuta ndi mabatire, pamene Future of the Fjords, la mu 2018, limayendera mabatire okha. Lililonse limanyamula anthu 400.

Ma Viking ndi mudzi wa Njardarheimr

Ma Viking anali anthu a m'madera amene lero ndi Norway, Sweden ndi Denmark, amene ankayenda panyanja kukachita malonda, kukalanda chuma ndi kukafuna malo okhala. Olemba mbiri amakonda kuwerengera nyengo yawo kuyambira mu 793, pamene anaukira nyumba ya amonke ya pa chilumba cha Lindisfarne ku England, mpaka mu 1066, pamene mfumu ya Norway Harald Hardrada inaphedwa pa nkhondo ya ku Stamford Bridge. Ochokera kumadzulo kwa Norway anakakhazikika ku Shetland, Orkney, Faroe ndi Iceland, ndipo cha m'ma 1000 Leif Erikson anafika ku North America.

Ambiri mwa anthu a nthawiyo anali alimi, oweta ziweto ndi asodzi. Kumadzulo kwa Norway malo olima ndi ochepa, ndipo minda inali yotalikirana m'mphepete mwa ma fjord, motero banja lopanda bwato linali lopanda njira. Luso lawo lokhoma maboti opepuka, a matabwa osanjikizana m'mphepete, ndi limene linawathandiza kuwoloka nyanja ndi kulowa m'mitsinje yosazama. Milandu ndi malamulo ankakambirana pa mabwalo a anthu mfulu, ndipo bwalo lalikulu la kumadzulo, Gulating, linkakumana ku Gulen, kufupi ndi pakamwa pa Sognefjord. Ankasunganso akapolo ndi kuwagulitsa.

Maina a malo amasunga chipembedzo cha nthawi imeneyo. Gudvangen amatanthauza dambo la milungu, ndipo dzina la Nærøy limagwirizanitsidwa ndi Njord, mulungu wa nyanja, mphepo ndi chuma. Mudzi wa ma Viking wa ku Gudvangen unatenga dzina lake kwa mulungu yemweyu: Njardarheimr, kutanthauza kwawo kwa Njord.

Mudziwu unatsegulidwa mu 2017. Si bwinja lofukulidwa ayi, koma ndi mudzi womangidwa m'masiku ano motsanzira nyumba zakale, pogwiritsa ntchito zimene akatswiri ofukula zakale anapeza m'malo ena. Ogwira ntchito mmenemo amavala zovala za nthawiyo ndi kusonyeza kusula zitsulo, kuwomba nsalu, kuphika, kulasa mivi ndi kuponya nkhwangwa. Amawongolanso maganizo olakwika, monga akuti ma Viking ankavala zisoti zanyanga ku nkhondo. Palibe umboni wa zimenezi. Chithunzi chimenecho chinafala m'zaka za m'ma 1800 kudzera mwa ojambula ndi okonza zovala za zisudzo. Zinthu zenizeni za nthawiyo, monga zombo za Gokstad ndi Oseberg zimene zinafukulidwa mu 1880 ndi mu 1904, zimasungidwa ku Oslo.

Njanji ya Flåm

Njanji ya Flåm, imene eni dziko amaitcha Flåmsbana, ndi yaitali makilomita 20.2. Imayambira ku Flåm, mamita 2 pamwamba pa nyanja, ndi kukathera ku Myrdal, mamita pafupifupi 866. Pa gawo lalikulu la njirayi sitima imakwera mita imodzi pa mamita 18 alionse. Ilibe mano apakati okokera sitima monga njanji zina za m'mapiri a ku Switzerland. Mawilo amangogwira njanji wamba. Ichi n'chifukwa chake imawerengedwa pakati pa njanji zokwera kwambiri za mtundu wake padziko lonse. Sitima imayenda pang'onopang'ono, ili ndi injini kutsogolo ndi kumbuyo, ndipo ulendo umatenga pafupifupi ola limodzi.

Ntchito yomanga inayamba m'zaka za m'ma 1920 ndipo inatenga zaka zoposa 15. Pa njirayi pali ngalande 20 zoboola phiri, ndipo 18 mwa izo zinabooledwa ndi manja: antchito ankakhoma mabowo m'thanthwe ndi nyundo ndi zitsulo, kenako n'kuphulitsa. Yaitali kwambiri ndi Nåli, ya mamita oposa 1,300. Kufupi ndi Myrdal njanji imazungulira mkati mwa phiri kuti ikwere popanda kupitirira muyezo wa chitunda. Pofuna kupewa malo ogumuka ndi ogwa chipale chofewa, njanjiyi imasintha mbali ya chigwa kangapo, ndipo m'malo momanga milatho, amisiri anapatutsira mtsinje m'ngalande zodutsa pansi pa njanji.

Njanjiyi inayamba kunyamula katundu mu Ogasiti 1940, dziko la Norway lili m'manja mwa asilikali a Germany, ndipo anthu anayamba kukwera mu 1941. Poyamba ankagwiritsa ntchito injini za malasha, koma mu 1944 anaika magetsi. Njirayi ndi ya mzere umodzi, choncho sitima yokwera ndi yotsika zimapatukirana ku Berekvam. Pa mathithi a Kjosfossen sitima imaima mphindi zingapo kuti anthu atsike ndi kujambula. M'miyezi yofunda, pamathithipa pamavina mkazi wovala zofiira woimira Huldra, mzimu wa m'nkhalango wa m'nthano za ku Norway.

Njanji ya Bergen

Ku Myrdal sikufika msewu wa magalimoto, choncho wobwerera ku Bergen amakwera sitima. Njanji ya Bergen inatsegulidwa mu 1909, ndipo imalumikiza Bergen ndi Oslo podutsa mapiri aatali. Siteshoni yake yokwera kwambiri, Finse, ili pa mamita 1,222. Sitima ikangochoka ku Myrdal kulowera kumadzulo imalowa m'ngalande ya Gravhals, ya makilomita 5.3.

Gawo la pakati pa Bergen ndi Voss ndi lakale, linatsegulidwa mu 1883. Poyamba mpata wa pakati pa zitsulo zake unali mamilimita 1,067, wofanana ndi wa njanji za ku Malawi, Zambia ndi Mozambique. Mu 1904 unakulitsidwa kufika pa mamilimita 1,435 kuti ugwirizane ndi njanji yopita ku Oslo.

Ntchito yokopa alendo ndi mavuto ake

Kale sitima za pamadzi zinkakumana ndi sitima ya pamtunda ku Flåm kudzasinthana anthu, makalata ndi katundu. Misewu itabwera, ntchito imeneyi inachepa. Mu 1991 kunatsegulidwa ngalande ya msewu ya Gudvanga, ya makilomita 11.4, ndipo mu 2000 ya Lærdal, ya makilomita 24.5. Lero galimoto imachoka ku Gudvangen kufika ku Flåm m'mphindi pafupifupi 20. Njanji ya Flåm inapulumuka chifukwa cha alendo, ndipo tsopano ambiri okwera ndi okaona malo.

Ku Flåm kumakhala anthu mazana ochepa okha, koma sitima yaikulu ya pamadzi imodzi imatha kutsitsa alendo zikwi zingapo tsiku limodzi. Zimenezi zimabweretsa ndalama ndi ntchito, komanso kuthithikana ndi utsi. Popeza fjord ndi yopapatiza ndipo yazunguliridwa ndi mapiri, kukakhala bata utsi wa sitima sumwazika msanga. Mu 2018 nyumba ya malamulo ya Norway, Storting, inagwirizana kuti pofika 2026 sitima zoyenda m'ma fjord a pa mndandanda wa UNESCO zisamatulutse utsi. Mu 2024 boma linalengeza kuti lamuloli liyamba pa 1 Januwale 2026 kwa sitima zing'onozing'ono zonyamula anthu, ndipo zikuluzikulu zinapatsidwa nthawi mpaka 2032.

Chilengedwe cha deralo nacho chimasokoneza maulendo. Kugumuka kwa miyala ndi chipale chofewa kumatseka msewu ndi njanji nthawi zina, ndipo mu Okutobala 2014 mtsinje wa Flåmselvi unasefukira ndi kukokolola nyumba zingapo m'chigwa cha Flåm.

Nyengo

Alendo ambiri amabwera kuyambira Meyi mpaka Seputembala. Mu Meyi ndi Juni mathithi amakhala odzaza chifukwa chipale chofewa chikusungunuka m'mapiri, ndipo kumapeto kwa Juni ku Bergen kumawala maola pafupifupi 19 pa tsiku. Mu Disembala kumawala maola osakwana 6, choncho gawo lina la ulendo limachitika mumdima, ngakhale kuti maboti ndi sitima zimayenda chaka chonse. Ku Bergen kumagwa mvula yoposa mamilimita 2,000 pachaka, ndipo ku Myrdal kumazizira kuposa ku Flåm ngakhale m'miyezi yofunda, motero otsogolera alendo amalangiza kutenga zovala za mphepo ndi za mvula.