Pulogalamu ya imelo ikakana kudzuka, musathamangire kufomata

Pali uthenga wina umene umasowetsa mtendere achinyamata amene akuyamba kumene kusamalira makompyuta a Linux m'timaofesi, m'masukulu ndi m'tizipatala ta ku Area 25, Kawale ndi Biwi. Munthu walemba mutt kapena mail pa teminolo kuti atumize lipoti la tsiku, koma m'malo moti kalata ipite, patuluka mzere uwu: error while loading shared libraries: libssl.so.1.1: cannot open shared object file. Ena amati mwalowa vairasi, ena amangofomata kompyuta yonse. Ine ntchito yanga ndi yosamalira maseva, ndipo zimandiwawa kuona mafayilo a anthu akutayika chifukwa cha vuto loti likanatha pa mphindi zochepa.

Timapulogalamu timeneti ndi tothandiza kwambiri kwathu kuno. Mutt, amene Michael Elkins anamulemba mu 1995, msmtp ndi mail wa GNU Mailutils sadya bandulo yambiri, amayenda ngakhale pa kompyuta yakalekale, ndipo mutha kuwatchera kuti usiku azitumiza okha uthenga woti bakapu yatheka. Kuchepa kwawo kuli ndi chifukwa: sasenza zonse okha. Ntchito yobisa kalata kuti wina asaiwerenge panjira amaisiyira OpenSSL kapena GnuTLS. Yopereka dzina ndi pasiwedi kwa seva, ambiri amaisiyira Cyrus SASL kapena GNU SASL. Zimenezi ndizo timati malaibulale ogawana, mafayilo okhala ndi .so m'dzina lawo, amene ambiri amapezeka mu /usr/lib.

Amene amakhala ku Chinsapo kapena ku Mgona amvetsa msanga. Si nyumba iliyonse ili ndi mpopi wake. Mabanja ambiri amatunga pa kiyosiki imodzi. Madzi akakhala abwino pamenepo, onse apindula. Kiyosikiyo ikatsekedwa kapena kusamutsidwa, makomo onse ayamba kudandaula tsiku limodzi ngakhale zidebe zawo zili bwinobwino.

Mukalemba dzina la pulogalamu, isanayambe n'komwe kugwira ntchito, kamadzuka kaye kanthu kena kotchedwa ld.so. Kamawerenga mayina a malaibulale amene pulogalamuyo ikufuna, n'kukawafunafuna m'kaundula wa /etc/ld.so.cache ndi m'mafoda ozolowereka. Limodzi lokha likasowa, zathera pomwepo. Ndipo nambala ya kumapeto kwa dzina si yokometsera ayi. Fayilo ya libssl.so.1.1 ndi ya libssl.so.3, ngakhale zonse ndi za OpenSSL, ndi zinthu ziwiri zosiyana kapangidwe ka mkati. Ubuntu 22.04, amene anatuluka mu Epulo 2022, anabwera ndi OpenSSL 3, motero mapulogalamu omangidwa pa 1.1 anasowa pogwira.

Kwathu kuno vutoli limabwera kawirikawiri m'njira ziwiri. Bandulo ndi yodula, ndiye mnzako akakhala ndi pulogalamu yoyenda bwino, umangoikopera pa fulashi. Fayilo ya pulogalamuyo imabweradi, koma malaibulale ake atsala pa kompyuta ya mwini wake. Njira ina ndi ya magetsi: azima apt ali mkati mosintha mapulogalamu, zina zalowa, zina zatsala panjira.

Choyamba kuchita ndi kufunsa, osati kuganizira. Lembani ldd /usr/bin/mutt ndipo muona malaibulale onse amene akufunika, lililonse ndi pamene lili. Mzere umene walembedwa kuti not found, vuto lili pamenepo. (Pulogalamu imene simukudziwa kochokera musaiyese ndi ldd, chifukwa nthawi zina imatha kuyendetsedwa; m'malo mwake objdump -p amaonetsa mayinawo mosaidzutsa.) Ngati anali magetsi, dpkg --configure -a kenako apt --fix-broken install amamalizitsa ntchito yotsala ija. Ngati laibulale munaimanga nokha n'kuiika mu /usr/local/lib, mwina ilipo ndithu, kungoti kaundula sanaidziwe, yendetsani ldconfig. Pulogalamu ya pa fulashi ija ichotseni, muike ya apt yogwirizana ndi Ubuntu kapena Debian wanu. Bandulo yake ndi yochepa poyerekeza ndi yokonzera kompyuta yofomatidwa.

Chimene ndimakaniza ndi mtima wonse ndi chidule chija chimene anthu amaphunzitsana, chopanga linki yonamiza kompyuta kuti libssl.so.3 ndiye libssl.so.1.1. Uthenga woyamba uja umachokadi, koma pulogalamu imakagwa patsogolo ikusowa zimene inkayembekeza kupeza m'fayilomo. Choipa kuposa pamenepo ndi kudawunilodi fayilo ya .so pamalo osadziwika pa intaneti. Laibulale imeneyi ndi imene imagwira pasiwedi ya ofesi ndi makalata a odwala kapena a malipiro a antchito. Munthu wanzeru angaipereke m'manja mwa mlendo? Ngakhale OpenSSL 1.1.1 weniweniyo, eni ake anasiya kumukonza kwaulere pa 11 Seputembala 2023.

Kugawanaku kuli ndi ubwino wake waukulu. Mu Epulo 2014 mutapezeka bowo lotchedwa Heartbleed mu OpenSSL, osamalira maseva anasintha laibulale imodzi, n'kudzutsanso mapulogalamu oidalira, ndipo bowolo linatsekeka kwa onsewo pamodzi.

Pali vuto lina limene ldd saliona, ndipo limazunguza ngakhale akatswiri. Postfix, pulogalamu yotumiza makalata pa seva, akamatumiza kudzera ku Gmail, nthawi zina amalemba kuti No worthy mechs found, chonsecho malaibulale onse akuoneka kuti alipo. Chifukwa chake n'choti SASL amatenga tizidutswa take tina pulogalamu itayamba kale kuyenda, ndipo timeneti timabwera mu phukusi lapadera la libsasl2-modules. Liikeni, mudzutsenso Postfix. Ngati Gmail akukanabe, laibulale ilibe mlandu: kuyambira pa 30 Meyi 2022 Google anasiya kulola pasiwedi wamba ya akaunti za anthu pa mapulogalamu otere, ndipo muyenera kupanga app password pa akauntiyo.